Ndinaluza mlandu womwe sindinkaudziwa n'komwe

Nkhani iyi ndakhala nayo kwa miyezi ingapo, ndimati ndilemba ndilemba koma mtima umakana. Lero ndati basi ndilembe, chifukwa sabata yatha munthu wina anandiimbira foni mawu akunjenjemera, zomwe zamugwera ndi zomwezo zinandigwera ine, ndipo mawu ake oyamba anali omwe aja ndinanena ine tsiku langa lija: "Ndikupita kukhoti lalikulu." Ndinamuuza kuti dikirani kaye achimwene, khalani pansi ndikufotokozereni.

Kwa ine zinayamba m'mawa ndisanatuluke n'komwe. Kugogoda pageti, kutsegula ndikupeza azibambo atatu, wina wanyamula fayilo, wina kabuku ndi cholembera. Anandipatsa moni bwinobwino, sanali anthu achipongwe ayi, kenako wa fayilo uja akuti, "Bambo, tachokera kwa sherifu, tabwera ndi chikalata cha khoti choti tilande katundu." Ine ndinangoti mwasochera nyumba. Anandipatsa pepala lija kuti ndiwerenge ndekha. Dzina langa lonse, sitampu ya khoti, siginecha, zonse zilipo. Chigamulo chinali chitaperekedwa miyezi inayi m'mbuyomo. Miyezi inayi abale, ine ndikugona tulo tabwinobwino osadziwa kuti kwinakwake kuli fayilo yonena kuti ndinaluza mlandu.

Anayamba kulemba. Firiji, mipando ya pabalaza, TV, kenako anatuluka kukalemba nambala ya galimoto, yomwenso ndi imene ndimagwirira ntchito. Za m'nyumba anazisiya atandisainitsa kuti ndisagulitse kapena kusuntha kalikonse, koma galimoto anaitenga. Chomwe sichichoka m'maso mwanga ndi mwana wanga wamng'ono ataima pakhomo la kuchipinda, nsapato imodzi kuphazi ina kumanja, akuyang'ana mlendo akutsegula firiji yathu kuti aone ngati ikugwira ntchito. Sanalire, anangotembenuka kuyang'ana ine kuti ndinenepo kanthu, ine pakamwa pouma.

Mlandu wake unali wa ngongole. Ndinatenga katundu pangongole ku kampani ina yomwe sindiitchula, ndimabweza pang'onopang'ono, gawo lalikulu ndinabweza ndipo marisiti ndinasunga, panangotsala kagawo komwe timakanganirana chifukwa katundu wina anabwera owonongeka. Iwo anakasuma ngongole yonse ngati sindinaperekepo kalikonse, kuwonjezerapo chiwongoladzanja ndi ndalama za maloya awo. Masamoni anakawasiya kunyumba yomwe ndinali nditasamukako chaka chathunthu. Masiku oyankhira atatha anangobwerera kukhoti n'kunena kuti munthu uja sanayankhe, tipatseni chigamulo, ndipo anapatsidwa.

Ichi ndi chomwe maloya amati default judgment, chigamulo chobwera chifukwa wosumiridwa sanayankhe kapena sanaonekere. Palibe mboni yomwe inamvedwa, palibe anayang'ana risiti olo imodzi. M'maiko ambiri, ngati ndalama zomwe akufuna n'zodziwika kuchuluka kwake, fayilo siifika n'komwe pamaso pa jaji, wa muofesi ya khoti amangoona kuti masiku akwana, pali chikalata cholumbira chonena kuti masamoni anaperekedwa, basi kudinda sitampu. Ndipo masiku oyankhira si ambiri ayi. Ku England ndi 14, kumakhoti a federal (a boma lalikulu) ku America ndi 21. Masiku oyamba aja lamuloli ndinadana nalo kwambiri, koma pano ndimaliona mwina. Pakanapanda lamulo limeneli aliyense wangongole bwenzi akungobisala osayankha, mlandu osayenda mpaka kalekale, wobwereketsa n'kumangolira. Lamulolo ndi lofunika. Vuto ndi loti limadalira pepala limodzi lija lonena kuti munthu anauzidwa, ndiye pepalalo likanama, zonse zomangidwa pamwamba pake zimakhala zokhota.

Tsiku lomwe anabwera anthu a sherifu lija, masana ndinali muofesi ya loya, mayi wina wachikulire wosalankhulalankhula. Ndisanakhale pampando ndinati, "Mayi, tipite kukhoti lalikulu lero lomwe, ndikufuna apilo." Iwo anandisiya ndimalize, kenako akuti, "Bambo, khoti lalikulu mukufuna likakuchitireni chiyani kwenikweni?" Ndinati lichotse zonsezi. Anatenga pepala n'kujambula mzere pakati. Mbali ina analemba kuimitsa, mbali ina kufafaniza. Akuti izi ndi zinthu ziwiri zosiyana ndipo anthu ambiri amataya katundu chifukwa chozisakaniza. Kuimitsa, komwe kukhoti amati stay, n'kuuza sherifu kuti manja pansi kaye, usagulitse, usalande china. Chigamulo chimakhala chilipobe, chimangokhala chagona. Kufafaniza ndiye kuchotsa chigamulocho kuti mlandu ubwerere poyambira, inunso mumvedwe. Mutha kupempha kufafaniza n'kuiwala kupempha kuimitsa, ndiye pomwe mukudikira tsiku la khoti galimoto yagulitsidwa kale pa okushoni.

Chachiwiri chomwe anandiuza ndi chomwe chinandipweteka, akuti khomo loyamba si khoti lalikulu, ndi khoti lomwe lija linapereka chigamulocho. Ndinati bwanji mayi, anthu omwewo andilakwira ndiye ndibwererenso komweko? Koma mukaganiza mofatsa zili ndi mutu. Apilo ndi yokauza akuluakulu kuti jaji wa m'munsi analakwitsa poweruza. Nanga apa analakwitsa pati? Iye anaona mbali imodzi yokha chifukwa ndi yokhayo inalipo, marisiti anga sanawaone, za kusamuka kwanga sanazimve. Khoti la apilo kawirikawiri limayang'ana zomwe zili kale mufayilo, silikhala pansi kumva nkhani yatsopano, ndiye mukathamangirako ndi default judgment yosakhudzidwa, funso loyamba lomwe mukumane nalo ndi lakuti, munapita kaye kukapempha kumene kunachokera chigamulochi? Mukati ayi, amakubwezani, masiku atapita, ndalama zitapita, tsiku la okushoni likuyandikira.

Mphamvu ya khoti yochotsa chigamulo chake chomwe cha mtundu uwu ndi yakale. Pali mlandu wa ku England wa 1937, Evans v Bartlam, womwe maloya a m'maiko otsatira malamulo ochokera kumeneko amautchulabe mpaka lero. Mmodzi mwa majaji ake, Lord Atkin, anafotokoza mfundo yake kuti bola ngati khoti silinagamule litamva nkhani yeniyeni, kapena mbali zonse zitagwirizana, limakhalabe ndi mphamvu yobweza chigamulo chomwe chinabwera chifukwa choti munthu anaphonya ndondomeko chabe. Ine nditawerenga zimenezi usiku wina ndinapumako pang'ono, ndinaona kuti zomwe ndikupempha si zachilendo, khomo lake analisiya dala.

Koma khomolo lili pawiri. Ngati chigamulo chinabwera molakwika, monga masamoni sanaperekedwe mwalamulo kapena masiku anali asanakwane, malo ambiri khoti limayenera kuchichotsa basi. Ngati zonse zinayenda bwino koma inu ndi amene munagona, munalandira pepala n'kuliika pansi pa matiresi, ndiye mukupempha chifundo cha khoti, ndipo muyenera kuonetsa zinthu ziwiri, chifukwa chomveka chomwe simunayankhire komanso kuti muli ndi yankho lenileni pa mlanduwo, osati kungoti sindikudziwapo kanthu. Malamulo oyendetsera milandu a ku England, pa gawo lotchedwa Part 13, amazigawa chonchi momveka bwino, ndipo amanenanso kuti khoti liyang'ane ngati munabwera msanga mutangodziwa. Nkhani ya msangayi ili paliponse. Ku India ndi masiku 30, ku South Africa masiku 20 a khoti kuchokera pomwe munadziwira, ku America lamulo lotchedwa Rule 60 limati pa zifukwa zina monga kulakwitsa kapena chinyengo musapyole chaka chimodzi. Paja amati pakadafunda padajiwitsa galu. Munthu amene anandiimbira uja anali atakhala milungu itatu akuyendera achibale kufunsa nzeru, milungu itatu yomwe jaji adzamufunsa kuti munali kuti.

Pali mlandu wina womwe unandikhudza kwambiri chifukwa ukufanana ndi wanga, Peralta v. Heights Medical Center, womwe Supreme Court ya ku America, khoti lalikulu kuposa onse kumeneko, inagamula mu 1988. Bambo Peralta anasainira ngongole ya kuchipatala ya wantchito wawo ku Texas. Anasumiridwa, masamoni sanawafike mwalamulo, chigamulo chinatuluka, malo awo n'kugulitsidwa iwo osadziwa. Atapita kukadandaula makhoti a ku Texas anawakana, akuti olo mukanauzidwa mukanaluzabe chifukwa ngongoleyo simukuikana. Supreme Court inakana maganizo amenewo. Inati munthu akanauzidwa akanatha kukambirana ndi omwe amamufuna ndalama, akanatha kulipira, olo kugulitsa yekha malowo pamtengo wabwino m'malo moti agulitsidwe motchipa pa okushoni. Kuuzidwa ndi ufulu pawokha, kaya uli ndi yankho kaya ulibe. Mfundo imeneyi ine ndimaigwira ndi manja awiri, chifukwa anthu ambiri amaganiza kuti ukakhala ndi ngongole ndiye kuti wataya ulemu wonse, aliyense atha kukuchita chilichonse.

Ndiye tinabwerera kukhoti laling'ono lija ndi mapempho awiri, lofafaniza ndi loimitsa. Ndinali ndi chikhulupiriro chonse. Tinakanidwa. Wogamula anati chikalata cha wopereka masamoni chikunena kuti anasiya kwa munthu wamkulu wa panyumba panga, ndipo miyezi inayi ndi yambiri. Za kalata ya landilodi wakale yoonetsa tsiku lomwe ndinasamuka sanazitchule n'komwe m'chigamulo chake, za marisiti chimodzimodzi. Ndinatuluka mukhoti miyendo ikulemera, okushoni kutatsala masiku asanu ndi atatu. Mayi loya aja ali phee, akulongedza mafayilo awo, kenako akuti, "Tsopano bambo, nthawi ya khoti lalikulu ija yakwana." Akuti panopa tili ndi chokanena, pali wogamula amene wapatsidwa umboni n'kusauyang'ana, chimenecho ndiye chochitira apilo.

Apa ndi pomwe ndikufuna mumvetsetse, chifukwa ndi pomwe ambiri amagwera m'dzenje. Kupereka mapepala a apilo sikuimitsa sherifu. Inenso ndinkaganiza kuti ukangoti ndachita apilo zonse zimaima zokha, si choncho m'maiko ambiri. Ku England lamulo limanena poyera kuti apilo payokha siimitsa chigamulo, ku India chimodzimodzi, ku America nthawi zambiri umayenera kuika chikole chotchedwa bond kuti aimitse. South Africa ndi yosiyanako, kumeneko lamulo la 2013 la makhoti akuluakulu limati kupempha apilo kumaimitsa kaye chigamulo pokhapokha khoti litanena zina. Ndiye funso loyamba kwa loya wanu likhale limeneli, kuno kwathu apilo imaimitsa kapena ayi? Ngati siimitsa, pamafunika pempho lapadera, ndipo pempho limenelo ndi lomwe linali moyo wa galimoto yanga.

Tinakhala mpaka usiku kulemba chikalata changa cholumbira. Ine ndimafuna tilembe za mwana wanga, za manyazi pamaso pa aneba, za kusagona. Mayi aja anati zimenezo n'zoona koma jaji akufuna masiku ndi mapepala. Munasamuka liti, umboni uli pati. Munadziwa liti za chigamulo, munachita chiyani tsiku lomwelo, mawa lake, mkuja wake. Munalipira zingati, risiti iliyonse tiimate kumbuyo ndi nambala yake. Kenako anandifunsa funso lomwe sindimalifuna, akuti kodi pali ndalama zomwe mukuvomera kuti muli nazo ngongole? Ndinati zilipo pang'ono koma tisazilembe, zitiwonongera. Anavula magalasi n'kundiyang'ana. Akuti pempho lachangu ngati ili nthawi zambiri limayamba kumvedwa mbali inayo kulibe, ndiye lamulo limafuna kuti unene zonse, zokukomera ndi zokuipira zomwe. Ukabisa, tsiku lomwe enawo adzabwere n'kuulula, jaji atha kuchotsa chiletso chija pompo chifukwa cha kubisako kokha, olo nkhani yako ikhale yabwino bwanji. Tinalemba. Lero ndikayang'ana m'mbuyo ndimaona kuti ndime imeneyo ndi yomwe inapangitsa kuti jaji akhulupirire ndime zina zonse.

Jaji wa khoti lalikulu anatipatsa chiletso cha masiku ochepa kuti okushoni iime kaye, n'kulamula kuti mbali inayo iuzidwe tibwere tonse. Tsiku limenelo ndinamva ndi makutu anga momwe nkhanizi amaziyezera. Loya wa kampani ija anaimirira n'kunena kuti wopambana mlandu asamanidwe kudya thukuta lake chifukwa choti woluza wathamangira kumwamba, ndipo kunena zoona mfundo imeneyi ndi yolemera, makhoti akhala akuitsatira kuyambira zaka za m'ma 1800. Anawonjezera kuti khoti lalikulu silimangosintha zomwe wa m'munsi waona kuti n'zoyenera, pokhapokha ngati analakwitsa lamulo kapena anasiya kuyang'ana chinthu chofunika. Izinso n'zoona. Mayi loya aja anayankha mwachidule, akuti chinthu chofunika chomwe sichinayang'anidwe ndi ichi, n'kukweza kalata ya landilodi. Kenako akuti galimoto ikagulitsidwa kwa munthu wina wosalakwa, olo tidzapambane apilo sidzabwerera, ndipo munthuyu ndi imene amapezera ndalama zoti alipirire ngongole yomweyo, apilo yake idzakhala yopanda ntchito. Pomwe kampani ikadikira miyezi ingapo sitaya kanthu komwe chiwongoladzanja sichingabweze.

Jaji anandiyang'ana ine, osati loya wanga, akuti, "Bambo, ndalama zomwe mukuvomerazi mungathe kuziika kukhoti?" Ndinaimirira ndinati ndingathe bwana, mundipatse masiku. Anapereka chiletso mpaka apilo idzamvedwe, koma chokhala ndi zingwe zake. Ndiike ndalama zomwe sindikuzikana muakaunti ya khoti pasanathe masiku 14, tipereke mapepala onse a apilo munthawi yake, ndisagulitse katundu yemwe analembedwa. Ndikaphonya chimodzi chiletso chigwa chokha popanda wina kubweranso kudzapempha. Ena amaona ngati zingwe zoterezi ndi chilango, ine ndinaziona kuti n'zachilungamo. Enawonso ndi anthu, akufuna kudziwa kuti sindikungogula nthawi kuti ndibise katundu. Ndalamazo ndinazipeza movutika, ndinachita kugogoda makomo omwe sindinkafuna kugogoda, koma ndinaziika tsiku la 11.

Pali kanthu kena kakang'ono komwe palibe amakuuza. Jaji akalankhula mukhoti, sherifu sakhalapo. Mawu aja ayenera kutayipidwa, kusainidwa, kudindidwa sitampu, kenako wina anyamule pepalalo akalipereke kuofesi ya sherifu ndi kwa maloya a mbali inayo, n'kusainitsa kuti alandira. Chiletso choyamba chija chinasainidwa madzulo, okushoni ili mkuja. Ndinanyamula ndekha limodzi ndi mesenja wa loya, tinafika akutseka mawindo, mayi wa pakauntala anayamba wakana kuti bwerani mawa, ndinachita kuwachonderera kuti mayi chonde mungolandira n'kudinda pa kope yangayi. Anadinda. Kope imeneyo ndinagona nayo pafupi usiku umenewo. Chikanakhala kuti pepalalo linachedwa tsiku limodzi ndi theka, bwenzi ndikulemba nkhani ina pano. Zikakhala kuti enawo apita kubanki kukagwira akaunti yanu kapena kwa abwana anu kuti azidula pamalipiro, ndi chimodzimodzi, banki ndi abwanawo ayenera kulandira pepala la chiletso m'manja, apo ayi apitiriza kutsatira lamulo loyamba lomwe analandira ndipo simungawaimbe mlandu.

Za kupita opanda loya, sindinganame kuti n'zosatheka, makhoti amalola munthu kudziimira yekha ndipo maiko ambiri ali ndi mabungwe othandiza pa milandu kwa amene alibe ndalama. Koma ngati pali pomwe ndingati yesetsani mupeze wodziwa, ndi pa mapepala a masiku oyambawa. Si nkhani ya kulankhula bwino mukhoti ayi, ndi nkhani ya kudziwa pempho liti lipite kuti, tsiku liti. Ndipo pomwe zonsezi zikuyenda musachite zija ena amachita, zokabisa firiji kwa achemwali kapena kulimbana ndi anthu a sherifu pageti. Katundu akalembedwa ali m'manja mwa lamulo, kumusuntha ndi kudziputira mlandu wina pamwamba pa woyambawo, ndipo jaji amene mukukamupempha chifundo adzamva zimenezo.

Apilo inamvedwa patapita miyezi isanu. Khoti lalikulu linati wa m'munsi analakwa posayang'ana umboni wa kusamuka kwanga, linachotsa default judgment ija n'kulamula kuti ndipereke yankho langa mlandu umvedwe bwinobwino. Sindinapambane mlandu wa ngongole, musamve molakwa, umenewo ukadalipo ndipo tili mkati mokambirana kuti mwina tigwirizane kunja kwa khoti, tsopano marisiti ali patebulo aliyense akuwaona. Galimoto ndinakaitenga ndekha kumalo komwe amasungira. Inali yafumbi, matayala awiri ataphwa, batire itafa, ndipo za ndalama zosungira miyezi yonseyo maloya akukanganabe kuti alipire ndani. Pagalasi lakutsogolo panali patalembedwa nambala ya okushoni ndi choko choyera. Nditafika nayo kunyumba mwana wanga uja anathamangira m'nyumba kukatenga kansanza konyowa, n'kukwera pa bampala kuti afikire pagalasi.